Kamtolo ka Fodya Kamene Munandimangira

Amayi anga, kodi kumene mukugonako muli bwanji? Ndine Elube, mwana wanu wosamva uja. Ndikulemba ndili pakhonde panu pa komboni ya ku Selous, nditakhala pa kampando kogwedera kamene munkati tsiku lina kadzathyola munthu msana. Sikanathyoke, nanenso msana uli bwino. Ndikudziwa kuti kuwerenga simunkatha, koma kumeneko sikungasowe mphunzitsi wina wopuma woti akuwerengereni. Mumuuze awerenge zonse, asadumphe mzere. Chifukwa chake muchimva kumapeto.

Ndiyambe ndi zabwino. Mkazi wa mwana wanu Yohane anachira bwinobwino mvula yoyamba itangogwa, mwana ndi wamkazi. Mphumi ndi yanu yeniyeni, ndipo amayang'ana anthu ngati awapeza akuba ndiwo. Yohane tsopano akuyendetsa thirakitala, ndiye kuyenda kwake pa komboni kwasintha, mungaseke. Matalala anagwa kumunda wa kumunsi ndi kuboola fodya ngati sefa, mzungu anakhala sabata yathunthu osayankha moni. Chimanga cha kadimba kanu chachita bwino ngakhale palibe amene amachipalira monga munkachitira. Nkhuku yanu yamawanga ija mphamba anaitenga, pepani. Foromani wafika watsopano, wa mtundu wa Azezuru, wa ku Sipolilo, munthu wabwino ndithu, koma akakwiya amatitchulabe Mabulandaya ngati kuti tonse tinabadwira ku Blantyre. Abambo bondo likuwavuta, moti awachotsa ku mabalani, akuthirira maluwa kunyumba ya mzungu. Iwo akuti imeneyo si ntchito, ndi chipongwe.

Ine ndikuimbabe. Ndanena msanga kuti mukalipiretu.

Mukukumbukira mmene zinayambira? Bandi ija ya ku Hartley imene inabwera pa lole kudzaimba pa phwando la tiyipate tsiku Loweruka masana, ine ndili mtsikana wosankha fodya mu shedi. Woimba wawo mawu anali atamuuma, ndipo wina anakuwa kuti pano pali mwana wa a Phiri amene amaimba kutchalitchi. Anandikankhira kutsogolo ndili ndi phula la fodya m'manja. Munamva muli pa mpopi, n'kubwera ndi chidebe pamutu, osachitula. Munayang'ana mwini sakisofoni kuyambira kuphazi mpaka kumutu n'kufunsa kuti kaliwo wamkuwayo amasutira chiyani. Anthu anafa nako kuseka, koma inu simunaseke. Kunyumba munati, "Mawu amenewo Mulungu anakupatsa kuti uziimbira Iye, osati oledzera." Patapita miyezi itatu ndinakwera basi ya ku Salisbury. Munandiphikira mbatata za panjira, koma simunandiperekeze.

Kuchokera apo ndaimba m'maholo a m'lokeshoni ya Harare, ku Bulawayo, mpaka kumigodi ya ku Kitwe. Ndagona m'mabenchi a siteshoni, ndathamangitsidwapo ndi apolisi chifukwa cha chitupa, ndaimbira azungu m'hotela momwe sindikanaloledwa kumwamo ngakhale madzi. Mawu anga analowa m'mbale za galamafoni ndi mu wailesi. Simunandifunsepo kuti jazi n'chiyani, ndiye ndikuuzani lero. Ndi nyimbo imene suiimba kawiri mofanana. Anyamata a gitala ndi ng'oma amayala njira, iwe umayendamo mmene mtima wakuuzira tsiku limenelo. Chimene anthu amandiyamikira kwambiri n'chakuti sindithamangira, ndimalowa mochedwa pang'ono, kumbuyo kwa ng'oma, anthu n'kumadikira mitima ili m'mwamba. Amayesa ndinaphunzira kwa oimba a ku Joni. Ndinaphunzira kwa inu, Amayi. Ndi mmene munkakokera nyimbo kutchalitchi, wotsogolera atafika kale ku mzere wachiwiri inu mukadali pa woyamba, osatekeseka. Abambo anandiululira kuti wailesi ya ku sitolo ya pa pulazi ikamaimba nyimbo zanga, mchere unkakutherani mwadzidzidzi, ndipo munkatenga nthawi yaitali kuusankha. Mchere amasankha, Amayi?

Tsopano nkhani yeniyeni imene yandikhazika pansi ndi ya kanema uja.

A kampani ya kanema atanditenga kuti ndisewere, nkhani yake inali ya mtsikana wosankha fodya amene akuthawira ku tauni kukaimba, akuvutika, n'kubwerera ku pulazi atalapa. Phunziro lake linali lakuti ku pulazi n'kwabwino kuposa ku tauni. Ndinaseka chamumtima, koma ntchito ndi ntchito, ndiponso anandilola kuimbamo nyimbo ziwiri. Atafuna shedi yoti ajambuliremo, ndine ndinawalozera kuno. Ndinawauza kuti shedi yake ndi yaikulu, koma zoona zake ndinkafuna kukuonani.

Munakanitsitsa kujambulidwa. Munakhala pakona mukugwira ntchito yanu ngati palibe chikuchitika. Ine anandikhazika pa benchi, magetsi awo akundiwotcha kumaso, zikhadabo zili psu ndi utoto, n'kundiuza kuti ndimange kamtolo ka fodya kwinaku ndikuimba. Zaka za m'tauni zinali zitandiiwalitsa manja. Tsamba lomangira ndinalikulunga mopepera, masamba akuyang'ana uku ndi uku. Makina akulira, mzungu wojambula ali chete, ndinangoona mwaima pambali panga. Munandilanda kamtoloko, kukamasula, kulinganiza masamba pa ntchafu, kukulunga, kubisa nsonga, n'kundiponyera pamiyendo. Munati, "Ngati ukunama, nama bwino. Anthu aziti ndinalera ndani?" Kenaka munabwerera pakona panu. Ndinkayembekeza kuti mzungu akalipa, koma anawomba m'manja n'kunena kuti chimenecho sachotsa. Inu simunadziwe n'komwe kuti mwalowamo.

Kanemayo asanatuluke, munadwala chibayo. Ine ndinali ku Kitwe. Telegalamu inandizungulira m'maholo atatu, ndipo pamene ndinkatsika basi pa Selous ndinapeza abambo ndi Yohane atameta kale. Zovala zanu anali atagawa. Ngakhale nsalu zija munkasunga m'bokosi lachitsulo kuti mukapatse mng'ono wanu, mayi aang'ono a Fanesi, tsiku lobwerera ku Dedza, zinali zitapita kwa amayi a mumpingo. Nkhope yanu sindinaione. Ndinaona mulu wa dothi lofiira kuseri kwa mabulugamu. Chimenechi chimandipweteka mpaka lero, ndipo sindinamize kuti chikuchepa.

Za ku Dedzako mukudziwa nokha. Chaka chilichonse fodya akagulitsidwa munkafunsa kuti tipita liti kwathu, abambo n'kuyankha kuti chaka chamawa. Ankati munthu amene wakhala ku Halale zaka zonsezi sangafike pamudzi chimanjamanja, anthu angamuseke. Pankafunika njinga, makina osokera, jekete la malume, bulangete la uje. Njinga ikapezeka, makina palibe. Makina akapezeka, njinga yatha matayala. Inu munkangoti, "Fanesi sakudikira njinga," n'kutseka bokosi lanu.

Miyezi isanu mutatisiya, galimoto ya kanema inafika pa pulazi pano. Ndinamva msanga ndipo ndinabwera dala, chifukwa nanenso ndinali ndisanamuone kanemayo. Anaonetsa Lamulungu titaweruka kutchalitchi, m'shedi momwe muja popeza ndi mwamdima ngakhale masana. Woonetsa anali bambo wina wa ku Tete, a Zuze, amene amayenda ndi galimotoyo m'mapulazi. Anapachika chinsalu choyera pa khoma, injini ikulira panja. Komboni yonse inalowa. Nditaoneka pa chinsalu ana anakuwa dzina langa, amayi ena akundigwira phewa kuti aone ngati ndikadali pa benchi. Zinali zosangalatsa. Ine ndekha ndinkadziwa chimene chikubwera, ndipo kulakwa kwanga n'kwakuti sindinachenjeze munthu, ngakhale abambo. Ndinkaganiza kuti ndawasungira mphatso.

Munalowa pa chinsalu kuchokera kumanzere, duku lanu la madontho lili pamutu, wamkulu kuposa chitseko. M'shedi munangoti zii. Kenaka mkazi wa foromani wakale anakuwa, "Maiwe, ndiMai Phiri!" ndipo chipwirikiti chinayamba. Mabenchi anagwa, amayi anayamba kulira maliro, ena anathawa atasiya ana. Abambo anaimirira, kuvula chipewa, n'kuitana motsitsa, "Naphiri." Inu munamanga kamtolo kanu, kundiponyera, n'kutuluka osawayang'ana. Ine ndinali nditauma pa benchi, misozi ili chuchuchu, mumtima ndikupempha kuti a Zuze abweze makinawo ndikuoneninso.

Madzulo ake, dzuwa lisanalowe, abambo anandiitana kuseri kwa nyumba. Sanakalipe, ndipo zikanakhala bwino akanakalipa.

"Iwe Elube, amayi ako tinawaika. Tinameta, tinagawa zovala, tinawauza kuti agone. Nanga uyu akuyendayenda m'mapulazi a eni ake ndani?"

Ndinati, "Bambo, ndi chithunzi chabe."

"Chithunzi chimamanga fodya? Ndamuona ndi maso angawa akugwira ntchito. Wagwira ntchito moyo wake wonse, ndiye atafa azigwirabe, Lamulungu lomwe, anthu akumuwombera m'manja? A Zuze akuti mawa ali ku Sinoia, mkuja ku Sipolilo. Amayi ako ku Sipolilo akudziwako ndani? Kamuchotsemo. Umubweretse timugoneke."

Mukudziwa kuti abambo ndi mkulu wa mpingo, ndipo za mizimu sakonda kuzitchula. Koma tsiku limenelo chakudya sanachikhudze. Ndinaona kuti ndikakana, munthuyu sadzapezanso mtendere. Komanso Amayi, kamphindi kameneko kanali kokhako kamene ndinali nako. Munakana makamera moyo wanu wonse, mulibe chithunzi ngakhale chimodzi. Abambo ankandipempha kuti ndikwirire nkhope yanu, ine amene sindinaione pokwirira poyamba.

M'mawa ndinapita kwa a Zuze akulongedza katundu. Ndinkaopa kuti akana, poti filimu si yawo ndipo ntchito ikhoza kuwathera. Anandimvetsera mpaka kumapeto, n'kupukusa mutu. "Hapana mlandu, sisi. Chingwe cha filimu ichi chimaduka chokha tsiku ndi tsiku, ine n'kumata. Ku ofesi adziwa bwanji?" Anachikoka pa gudumu lake, kuchiyang'ana padzuwa mpaka anakupezani, n'kudula ndi lumo uku ndi uku. Chinali chotalika ngati mkono umodzi ndi theka. Pondipatsa anatsitsa mawu. "Koma mukudziwa, filimu iyi haisi imodzi. Anatsuka zambiri. Magalimoto ena ali nazo zawo, ena ku Northern Rhodesia, ena ku Nyasaland. Ine ndadula yanga basi."

Ndinaima pamenepo ndi chingwe chija m'manja. Ndinachikweza kumwamba ndipo munalimo, timafanizo tating'onoting'ono ngati zikhadabo, m'kalikonse dzanja lanu litasuntha pang'ono. Ndivomere, mawu a a Zuze anandisangalatsa. Ndinati mumtima, abambo akwirire ichi apeze mtendere, ine ndizikakuonani kwina. Ndinatseka pakamwa.

Tinachikulunga m'kansalu koyera, kuchiika m'chitini cha tiyi, n'kupita kumabulugamu ife atatu. Yohane anakumba kadzenje kumutu kwa manda anu. Abambo anapemphera, kenaka anati, "Naphiri, weruka tsopano. Ntchito yatha." Tsiku limenelo anadya bwino. A Zuze anandiuza pambuyo pake kuti mu filimu yawoyo tsopano mtsikana amagwira kamtolo kopepera, chithunzi n'kudumpha, kamtolo kali komangidwa bwino, ndipo anthu a ku Sinoia amayesa ndi matsenga a ku tauni.

Ndinabwerera ku Salisbury ndi bodza langa. Kanemayo atafika m'holo ya m'lokeshoni ndinakamuonera kanayi. Ndinkakhala kumbuyo, nditafunda mpango kuti asandizindikire, kudikira kuti mulowe kumanzere. Mukatuluka nanenso ndinkatuluka. Koma chimwemwe chake chinali chosakoma, ngati chakudya chodyera kuseri kwa chitseko. Ndikaimba, anyamata a bandi ankandifunsa kuti bwanji masiku ano ndikuthamangira ng'oma.

Sabata yatha Yohane anatumiza uthenga kuti kwabwera kalata yochokera ku Dedza, ndipo abambo akuti aiwerenge ndine, poti Yohane akamawerenga amachita ngati akukoka thirakitala m'matope. Ndinafika dzulo. Abambo anaitulutsa m'Baibulo, tinakhala pakhonde pano. Inali ya mayi aang'ono a Fanesi, yolembedwa ndi mdzukulu wawo. Maso amathamanga kuposa pakamwa, Amayi. Ndili pa moni, maso anali ataona kale mawu akuti kanema m'munsimo. Ndikanatha kudumpha. Abambo sakanadziwa, ndipo kunama bwino ndimatha, ndi ntchito yanga. Koma ndinayang'ana munthu wokalambayo atatchera khutu, manja ali pa bondo lake lodwala, akundikhulupirira, ndipo ndinalephera. Ndinawerenga zonse.

Mayi aang'ono akuti galimoto ya kanema inafika pa bwalo la sukulu ya kwathu. Anthu ambiri sanafune kupitako poti amati ndi zinthu za boma la Chitaganya, koma iwo anapita atamva kuti muli mwana wa ku Dedza. Ine sanandidziwe, sanandionepo. Koma inu mutangolowa, akuti anakudziwani ndi kayendedwe musanatembenuke n'komwe, ngakhale munachoka muli mtsikana. Anaimirira n'kukuitanani dzina lanu la paubwana. Malume anu okalamba aja anafunsa kuti ali kuti, ali kuti, anthu n'kuwanyamula kupita nawo kutsogolo. Anakakamiza woonetsa kubweza makina katatu. Akuti chimvereni za imfa yanu m'kalata analibe polirira, koma tsiku limenelo analira mokwanira, kenaka analulutira. M'mawa mwake anasesa pa bwinja la nyumba ya amayi anu, anaphika, mudzi wonse unadya. Kalatayo inatha ndi mawu akuti, "Alamu, zikomo potitumizira mbale wathu. Wakalamba, koma manja ndi omwe aja."

Nditamaliza sindinathe kudzutsa mutu. Ndinaulula zonse, za a Zuze, za mafilimu enawo, za holo ya m'lokeshoni. Ndinati, "Bambo, ndinakunamizani. Tinakwirira imodzi yokha." Ndinkadikira kuti andithamangitse pakhomo.

Anayang'ana kumabulugamu. Kenaka anafunsa, "Anavala chiyani?"

"Duku lamadontho lija, ndi diresi ya kuntchito."

"Yong'ambika paphewa ija?"

"Yomweyo."

"Sananyamule kanthu? Ngakhale kansalu?"

"Ayi, bambo."

Anafunsanso, "Ndiye wafika chimanjamanja, ndipo amulandira?"

Ndinati, "Awalandira, bambo. Analulutira."

Amayi, abambo sindinawaonepo akulira, ndipo Yohane akuti ngakhale pa maliro anu anangouma gwa. Dzulo analira ngati mwana, chipewa chili kumaso. Atatonthola anapukuta mphuno n'kunena kuti, "Amayi ako sanayambe andimverapo. Ndinati chaka chamawa, iwo apita okha." Anaseka pang'ono, nanenso ndinaseka, misozi ili m'masaya. Za bodza langa sanazitchulenso. Lero m'mawa ndawapeza atatulutsa bokosi lanu lachitsulo, lopanda kanthu, akulipukuta fumbi. Anandifunsa kuti basi ya ku Nyasaland imadutsa masiku ati, ndiponso ngati munthu wa bondo lotere angathe ulendowo. Za njinga sanatchule.

Sindikudziwa ngati ndinakulakwirani pokulowetsani mu kanema amene munamukana, kapena ngati mukutopa kumanga kamtolo komweko m'midzi ya eni. Ngati ndi choncho mundikhululukire. Ine ndinkafuna kukusungani ndekha, m'holo yamdima, pamene inu munali ndi ulendo wanu.

Fodya akangotha kugulitsidwa, ndiwatenga abambo. Bandi ipeze wina woimba mwezi umenewo, ndawauza kale, ndipo akafuna kundichotsa andichotse. Tikwera basi ndi bokosi lanu, mukhale kanthu kapena musakhale. Ndikawapereka m'manja mwa mayi aang'ono a Fanesi, ndipo Lamulungu lake ndikaimirira m'tchalitchi cha kwanu n'kuimba nyimbo yanu ija, mochedwa, kumbuyo kwa wotsogolera, kuti adziwe kuti munalera ndani. Limeneli si lonjezo la chaka chamawa, Amayi. Inu mwatsogola kale, mutidikire kumeneko.

Ndine mwana wanu wokukondani,
Elube